MPIRU WA KUMPANDA NDI ABALE AKE

Phunziro la mwezi uno, alimi anzathu, ndi la zomera za banja la mpiru, makamaka zija zimera zokha popanda wozifesa. Ife tonse tidziwa mpiru, repu, kabichi ndi tanaposi, pakuti ndizo ndiwo zathu za masiku onse, ndiponso ndizo zipatsa ndalama anthu ambiri a madimba. Koma si ambiri adziwa kuti mbewu zimenezi zili ndi abale ochuluka a kuthengo, ndi kuti abalewo ali ndi kanthu pa dimba lathu. Ena mwa iwo ndi ndiwo zabwino, ena ndi mankhwala, ena ndi udzu woipa umene wasautsa alimi a tirigu m'maiko ambiri, ndipo ambiri a iwo asunga mbozi ndi nthenda zomwe zija zigwira kabichi. Mlimi wosadziwa banjali angathe kugula mankhwala chaka ndi chaka ndi ndalama zambiri koma osapindula kanthu, chifukwa mdani wake ali kugona m'mbali mwa mpanda.

Tiyamba ndi chomera china cha ku Ulaya chimene Angerezi achitcha hedge mustard, ndiko kunena mpiru womera m'mbali mwa mpanda. M'phunziro lino tichitcha mpiru wa kumpanda. Mbiri yake itionetsa bwino momwe kaudzu konyozeka kayendera dziko lonse lapansi, ndipo tikatha kuona za iko tidzabwerera ku madimba athu.

KUZINDIKIRA BANJA LA MPIRU

Akatswiri a zomera atcha banja limeneli Brassicaceae. Dzina lake lakale ndi Cruciferae, ndiko kunena zonyamula mtanda. M'banjamo muli mitundu yoposa 3,500, ndipo yambiri kwawo ndi maiko ozizira, makamaka kuyambira m'mbali mwa nyanja ya Mediterranean kufikira pakati pa Asia. Ngakhale mitundu ichuluka chotero, zizindikiro za banjali n'zochepa, ndipo mwana wa sukulu angathe kuziphunzira tsiku limodzi. Pitani ku dimba, thyolani nsonga ya mpiru umene wachita maluwa, ndipo muyang'ane zinthu zinayi izi.

Choyamba ndi duwa. Lili ndi timasamba 4 topenyana tiwiritiwiri monga mtanda, ndipo apa mpamene panachokera dzina lakale lija. Mukalitsegula mupeza timitu 6 tonyamula mungu, 4 tatitali ndi 2 tatifupi.

Chachiwiri ndi khoko la njere. Khoko la nyemba lili ndi chipinda chimodzi, koma la mpiru lili ndi zipinda ziwiri zolekanitsidwa ndi kachikopa kopyapyala konga pepala. Likauma, mbali zake ziwiri zifunguka kuyambira m'munsi, njere zigwa pansi, ndipo kachikopa kaja katsala pa phesi. Mitundu ina ili ndi makoko aatali ndi owonda, ina ili ndi aafupi ndi ophwatalala.

Chachitatu ndi kachitidwe ka maluwa. Ayamba kumasula m'munsi mwa phesi nakwera pang'onopang'ono, kotero kuti pamene nsonga ikali ndi maluwa, m'munsi makoko akhwima kale. Kumbukirani chinthu chimenechi, pakuti mlimi amene ati, "Udzuwu ukali ndi maluwa, ndidzapalira sabata la mawa," wachedwa kale.

Chachinayi ndi fungo. Fikisani tsamba ndi zala, mulinunkhize. Fungo lija la mpiru ndi kabichi, lolowa m'mphuno, ndilo mbendera ya banja lonse.

KUWAWA KWA MPIRU KUCHOKERA KUTI?

M'tsamba la mpiru muli zinthu ziwiri zosungidwa padera, monga momwe mayi wosamala asungira parafini kutali ndi moto. Chimodzi achitcha glucosinolate, chinzake achitcha myrosinase. Tsamba likakhala lathunthu, ziwirizi sizikomana, ndipo fungo likhala lochepa. Koma mbozi ikaluma, kapena munthu akatafuna, zisakanikirana ndi kupanga mafuta owawa. Mafuta amenewa ndiwo chida cha chomeracho podziteteza. Tikaphika ndiwo, moto uwononga myrosinase, ndipo ndicho chifukwa chake mpiru wophika suwawa ngati wauwisi.

Tizilombo tambiri tithawa kuwawa kumeneku. Koma tilipo tina towerengeka timene tinazolowera, ndipo kwa ito fungolo ndi mfuu yotiitana ku chakudya. Tizilombo totere sitisankha pakati pa kabichi wa m'bedi ndi mpiru wa kuthengo, pakuti kwa ito zonsezi ndi nyumba imodzi.

Tinenepo chinthu chimodzi cha thanzi. Zomera za banjali zikadyedwa zaziwisi ndi zochuluka kwambiri, zichepetsa mphamvu ya thupi yogwiritsa ntchito ayodini, ndipo kumene ayodini asowa kale m'zakudya zingathe kukulitsa chithokomiro. Izi zisaopse munthu. Ndiwo zophika, zothiridwa mchere wa ayodini, ndi chakudya chabwino kwa ana ndi akulu omwe.

MAONEKEDWE A MPIRU WA KUMPANDA

Chomerachi chinalembedwa ndi Carl Linnaeus wa ku Sweden m'chaka cha 1753, ndipo m'chaka cha 1772 Giovanni Scopoli anachiika m'fuko la Sisymbrium, nachipatsa dzina limene chili nalo kufikira lero, Sisymbrium officinale. M'fuko limenelo muli mitundu yoposa 40.

Mpiru wa kumpanda umera, ubala ndi kufa m'chaka chimodzi. Poyamba uyala masamba ake pansi mozungulira ngati mbale, ndipo nthawi imeneyo ufanana ndi mbande ya mpiru wathu. Masambawo ndi ong'ambikang'ambika kufikira pa msempha wa pakati, ndipo chigawo cha kunsonga ndicho chachikulu. Pambuyo pake utulutsa phesi lolimba ngati waya, lokhala ndi ubweya, lotalika phazi 1 kufikira mapazi 3. Nthambi zake zituluka chopingasa, ndipo chomera chikauma chioneka ngati mulu wa waya wopotana. Maluwa ndi achikasu chotuwa, aang'ono koposa, osafika ngakhale kota ya inchi.

Chizindikiro chosanama ndi makoko. Ndi aafupi, theka la inchi kapena kupitirira pang'ono, osongoka kunsonga, ndipo amamatira ku phesi monga mwana pamsana pa amake. Abale ake anayi amene titchule pansipa ali ndi makoko aatali otambasuka.

Njere zake ndi zazing'ono kuposa za mawere. Njere yotere ilibe mphamvu yoboola dothi lambiri, choncho imera pokhapokha ikakhala pamwamba. Ikakwiririka pansi sifa, igona zaka zingapo kudikira tsiku limene khasu kapena pulawo lidzaitulutsa. Ndicho chifukwa chake munda umene unalekereredwa chaka chimodzi usautsa mwini wake zaka zambiri.

KWAWO NDI MAULENDO AKE

Kwawo kwa mpiru wa kumpanda ndi ku Ulaya, kumpoto kwa Africa ndi kumadzulo kwa Asia. Sukonda nkhalango kapena dambo la udzu wothithikana. Malo ake ndi m'mbali mwa misewu ndi mipanda, pa mabwinja, pa zinyalala ndi m'minda yolimidwa, ndiko kunena ponse pamene munthu wasokoneza nthaka naisiya pamtunda. Lero upezeka ku America, ku Australia, ku New Zealand ndi ku South Africa. Sunapite wokha. Unayenda m'matumba a mbewu ya tirigu, mu udzu wodyetsa ziweto za m'zombo, ndi m'dothi lomamatira ku katundu. Mbiri ya abale ake anayi itiphunzitsa zambiri.

Woyamba ndi Sisymbrium irio. M'chaka cha 1666 moto waukulu unatentha mzinda wa London, ndipo m'zaka zotsatira chomerachi chinamera chochuluka zedi pa mabwinja a nyumba zopsazo, kotero kuti Angerezi achitcha London rocket mpaka lero, ngakhale kwawo kwenikweni ndi maiko otentherapo a ku Mediterranean ndi kummawa kwake. Chizindikirika chifukwa makoko ake aang'ono atalika kupitirira maluwa a kunsonga. Phunziro lake ndi ili: nthaka yopserera ndi yopanda chofunda ndiyo khomo lolowera udzu wachilendo.

Wachiwiri ndi Sisymbrium altissimum, umene utalika kufikira mapazi 4 kapena 5. Ukauma uthyoka pa tsinde, ndipo mphepo iukunkhuniza m'chigwa monse uli kuwaza njere. Chomera chimodzi chachikulu chingabale njere zoposa 1,000,000. Unalowa ku North America chakumapeto kwa zaka za m'ma 1800, nufalikira motsata njanji, mpaka alimi a kumeneko anautcha Jim Hill mustard, potengera dzina la James J. Hill, mkulu wa njanji ya Great Northern. Njira imene ipititsa malonda ndi yomweyo ipititsa udzu.

Wachitatu ndi Sisymbrium orientale, umene uli mdani wamkulu m'minda ya tirigu ya ku Australia. Alimi a kumeneko anauthira mankhwala opha udzu a mtundu umodzimodzi zaka zambiri, ndipo kuyambira cha m'ma 1990 panapezeka zomera zimene mankhwalawo sazipha. Zinafa zofooka, zinatsala zolimba, ndipo ana a zolimbazo ndiwo anadzaza munda.

Wachinayi ndi wa mu Africa muno. Kwawo ndi ku South Africa ndi ku Lesotho, kumene anthu autcha sepaile nauthyola ngati ndiwo. Kale unkadziwika ndi dzina loti Sisymbrium thellungii, koma m'chaka cha 2003 akatswiri anausamutsira ku fuko lina nautcha Erucastrum austroafricanum. Utafika ku Australia unasanduka udzu wosautsa m'minda ya ku Queensland ndi ku New South Wales. Taonani tsono, chomera chimene chili ndiwo kwawo chisanduka mliri kwa eni dziko lina.

NTCHITO ZAKE

Tisaganize kuti zomera izi n'zoipa zokhazokha. Ku Ulaya anthu akhala akudya masamba anthete a mpiru wa kumpanda, ndi kusinja njere zake kuti zikometse chakudya. Koma mbiri yake yaikulu ndi ya mankhwala a pakhosi. Ku France autcha herbe aux chantres, ndiko kunena therere la oyimba, chifukwa oyimba ndi olalikira ankamwa madzi ake otsekemera mawu akasasa. Mwambo umenewu unali wodziwika kale m'masiku a mfumu Louis XIV, imene inalamulira kuyambira 1643 kufikira 1715. M'chaka cha 2014 bungwe la European Medicines Agency linaulemba m'gulu la mankhwala azitsamba amwambo othandiza pa kusasa mawu ndi kutsokomola kouma. Maziko a chivomerezo chimenecho ndi akuti anthu augwiritsa ntchito zaka zambiri, si kuti uchiza nthenda zazikulu ayi. Tikumbutsa awerengi athu kuti munthu wotsokomola masabata awiri osaleka apite ku chipatala akayezedwe chifuwa chachikulu, asataye nthawi ndi zitsamba.

Ku India ndi ku Pakistan njere za London rocket zigulitsidwa m'misika ndi dzina loti khubkalan, ndipo asing'anga a kumeneko azipereka pa chifuwa ndi kutentha thupi. Ku Iran kuli mbale wina, Descurainia sophia, amene Linnaeus anamuwerengera m'fuko la Sisymbrium. Njere zake, zotchedwa khakshir, azitsuka bwino, naziika m'madzi ozizira ndi shuga, ndipo chimenecho ndi chakumwa cha nyengo yotentha chogulitsidwa m'misewu.

Mbale winanso ndi watercress, chomera cha masamba obiriwira ndi maluwa oyera chimene chimera m'madzi oyenda a malo ozizira. Azungu achidya chachiwisi. Koma chikamera m'mtsinje umene ng'ombe ndi nkhosa zimwamo, masamba ake angathe kunyamula ana a nyongolotsi zophwatalala za m'chiwindi, ndipo zimenezi zigwira munthunso. Chotoledwa kuthengo chiyenera kuphikidwa.

ABALE A KWATHU KUNO

Mbewu zathu za m'dimba nazonso zinachokera kwa makolo a kuthengo. Kabichi wa kuthengo akali kumera pa matanthwe a m'mbali mwa nyanja ku England ndi ku France, ndipo sapanga mutu. Anthu posankha mbewu mibadwo yambiri ndiwo anatulutsa mwa iye kabichi wa mutu ndi kolifulawa.

M'chaka cha 1935 katswiri wina, Woo Jang-choon, amene ankagwira ntchito ku Japan, anaonetsa momwe mbewu 6 za fuko la Brassica zilili pachibale. Pali makolo atatu: kabichi, mtundu wa chayinizi, ndi mpiru wa njere zakuda. Pamene makolowa anakwatirana awiriawiri kalekale, panabadwa ana atatu. Chayinizi ndi mpiru wakuda anabala mpiru wathu uja, Brassica juncea. Chayinizi ndi kabichi anabala repu, Brassica napus. Kabichi ndi mpiru wakuda anabala kamganje, Brassica carinata, amene kwawo ndi ku mapiri a ku Ethiopia. Kamganje apirira kutentha ndi nthenda zina kuposa kabichi, ndipo mlimi angathe kusunga mbewu yake yekha. Ndi mbewu yosayenera kutayika.

Kunja kwa banja lenileni kuli asuweni. Wamkulu wa iwo ndi luni, Cleome gynandra. Muyang'ane duwa lake: timasamba 4, timitu ta mungu 6, ndi khoko lalitali lowonda. Kusiyana kwake n'kwakuti tsamba la luni ligawika ngati zala za dzanja, kawirikawiri 5, ndipo khoko lake lilibe kachikopa ka pakati. Luni asiyananso ndi mpiru wa kumpanda pa nyengo. Mpiru wa kumpanda ukonda chisanu, koma luni akonda dzuwa, ndipo amera ndi mvula yoyamba pa nthaka yachonde ya pafupi ndi makola ndi pa mabwinja. Afika pa nthawi imene ndiwo za m'dimba zatha ndipo za kumunda sizinakule. Masamba ake ali ndi zofunika pa magazi, pa mafupa ndi pa maso. Amayi athu adziwa kuchepetsa kuwawa kwake pomusakaniza ndi bonongwe kapena pothira nsinjiro, ndiponso adziwa kumufutsa kuti adzathandize m'chilimwe.

Chammwamba ndi papaya nazonso ndi asuweni a patali. Amene anatafunapo njere ya papaya, kapena kununkhiza muzu wa chammwamba, anamva kuwawa komwe kuja kwa mpiru.

KUIPA KWA MPIRU WA KUTHENGO

Kuipa koyamba ndi kulimbirana chakudya. Zomera za banjali zimera msanga m'nyengo yozizira, ziyala masamba ake pamwamba pa mbande, ndi kumwa madzi ndi chonde. Zisautsa makamaka mbewu za chisanu, monga tirigu ndi ndiwo zothirira. Chotero alimi a tirigu a ku mapiri a Tsangano ndi Neno, ndi a minda yothirira ya ku Mkushi ndi Mazabuka, ndiwo oyenera kukhala maso koposa pa udzu wa maluwa a mtanda. Njere zake zikalowa m'tirigu wopuntha zitsitsa mtengo wake, ndipo zikalowa m'mbewu zifesedwa pamodzi ndi tirigu chaka chamawa.

Kuipa kwachiwiri, kumene kukhudza mlimi aliyense wa dimba, ndi kusunga tizilombo. Mdani wamkulu wa kabichi ndi kagulugufe kotuwa kotchedwa Plutella xylostella. Mbozi zake ndi zobiriwira, zosafika theka la inchi, ndipo mukazikhudza zivinavina chobwerera m'mbuyo ndi kugwa zili kulendewera pa kaulusi. Zidya kunsi kwa tsamba ndi kusiya kachikopa koonekera ngati zenera. M'nyengo yotentha mbadwo umodzi utha m'masabata awiri kapena atatu okha. Kachilombo kameneka n'kodziwika pa kugonjetsa mankhwala: m'chaka cha 1953, pa chisumbu cha Java, kanapezeka kuti sikafa ndi DDT, ndipo kuyambira pamenepo kagonjetsa mankhwala a mitundu yambiri. Mbozi zake zidya zomera za mafuta owawa aja basi. Tsono mukakolola kabichi yense, kagulugufeko kapita kuti? Kapita pa zitsa zimene munasiya m'bedi, pa mpiru womera wokha m'ngalande, ndi pa abale a kuthengo a m'mbali mwa mpanda. Kumeneko kadikira mbande zanu zatsopano. Nsabwe za kabichi zichita chimodzimodzi, ndipo poyamwa zisamutsa nthenda yopiringiza masamba kuchokera ku udzu kupita ku mbewu.

Kuipa kwachitatu ndi nthenda. Ilipo nthenda yoyamba m'mphepete mwa tsamba ndi banga lachikasu losongokera mkati ngati chilembo cha V, ndipo misempha ya tsambalo ida. Iyenda m'mbewu, m'madzi othovoka, ndi m'zotsalira za mbewu yodwala. Iliponso nthenda yotupitsa mizu, imene ichititsa kabichi kufota masana ngakhale nthaka ili yonyowa. Mukazula mupeza mizu yotupa ngati zala zodwala. Tizirombo take tikhala m'nthaka zaka zoposa 10, ndipo tikonda nthaka yowawasa ndi yosunga madzi. Nthenda ziwiri zonsezi zikhalanso pa zomera za kuthengo za banjali. Mlimi amene apumitsa bedi lake koma nalola mpiru wa kuthengo kumeramo, sanalipumitse konse.

Kuipa kwachinayi kukhudza oweta ng'ombe za mkaka. Kalipo kaudzu kena ka banjali, Lepidium didymum, kochokera ku South America, kamene kafalikira m'maiko ambiri pamodzi ndi kumwera kwa Africa. Kayanga pansi, kali ndi timasamba tong'ambikang'ambika ta fungo loipa, ndi timakoko tating'ono tokhala tiwiritiwiri ngati mapasa. Ng'ombe ikadya kaudzuka, mkaka wake ununkha, ndipo kuwiritsa kuonjezera fungolo m'malo molichotsa. Mkaka wotere ogula aukana.

ZOYENERA KUCHITA

1. Fesani mbewu yoyera. Tirigu wa mbewu mumupete bwino m'lichero ndi kumusefa, pakuti njere za udzu ndi zazing'ono ndipo zigwa pa sefa. Zotsalira za m'lichero musazitaye m'munda kapena m'khola, muzitenthe. Matumba obwereka muwakung'unthe kutali ndi munda.

2. Palirani udzu ukali woyala pansi, usanatulutse phesi. Akulu anati m'mera mpoyamba. Nthawi imeneyo khasu limodzi likwanira, ndipo masamba anthete a mitundu imene muidziwa bwino ndi ndiwo, malinga ngati pamalopo simunathire mankhwala.

3. Udzu wokhala ndi makoko musausiye m'khwawa, chifukwa makoko apitirira kukhwima ngakhale chomera chazulidwa. Musauikenso pa mulu wa manyowa. Uunjikeni pamalo amodzi, ndipo ukauma muutenthe pomwepo.

4. Palirani ndi kunja kwa mabedi komwe: m'mbali mwa mpanda, m'ngalande, pa chitsime ndi pozungulira nazale.

5. Mukatha kukolola, zulani zitsa zonse tsiku lomwelo. Zabwino mupatse ziweto, zodwala muzitenthe.

6. Sinthani mbewu motsata mabanja, osati motsata maina. Kubzala repu pamene panali kabichi, ndi mpiru pamene panali repu, si kasinthasintha, pakuti zonsezi ndi ana a nyumba imodzi. Pamene panali za banja la mpiru bzalanipo anyezi, nyemba, chimanga kapena matimati, ndipo padutse zaka 3 musanabwererepo. Pamene paoneka nthenda yotupitsa mizu payenera kupuma nthawi yaitali koposa, ndipo mufunse Mlangizi za kathiridwe ka laimu. Makasu ogwira ntchito pa bedi lodwala muwatsuke musanapite nawo pa bedi lina.

7. Panganani ndi anzanu a m'dambo limodzi. Kagulugufe sikadziwa malire a dimba. Ngati onse agwirizana kuti pa chaka pakhale masabata angapo opanda kabichi, repu kapena mpiru m'dambo monse, tizilombo tisowa chakudya ndipo tichepa. Nkhani yotere njoyenera kukambidwa pa bwalo la amfumu kapena pa msonkhano wa kalabu.

8. Wothira mankhwala asadalire mtundu umodzi nthawi zonse, ndipo asunge masiku olembedwa pa botolo asanathyole ndiwo. Za ku Java ndi ku Australia zitichenjeze.

9. Sungani mbewu ya luni ndi kamganje. Sankhani zomera zamphamvu ndi zochedwa kuchita maluwa, dulani mapesi makoko akayamba kufiira koma asanasweke, yanikani pa mphasa pamthunzi, ndipo njere muzisunge m'botolo louma lotseka bwino. Posunga mbewu ya mpiru, zulani mpiru wina wonse womera wokha pafupi, pakuti njuchi zinyamula mungu ndi kusakaniza mitundu. Luni mumufese pa malo akeake, osati m'bedi limene muli kulipumitsa, chifukwa tizilombo tina ta mpiru timudya iyenso.

10. Mukaona chomera chachilendo cha maluwa a mtanda, makamaka pamene munafesa mbewu yochokera kutali kapena pamene panatsitsidwa katundu, chizuleni chonse ndi mizu, maluwa ndi makoko omwe, chikulungeni m'pepala, ndi kupita nacho kwa Mlangizi. Iye angathe kuchitumiza ku malo ofufuzira za mbewu a ku Bvumbwe kapena ku Chitedze, kapena ku nyumba yosungira zitsanzo za zomera ya National Herbarium ku Zomba. Tsamba lokha silikwanira, chifukwa zomera za banjali zizindikirika ndi makoko.

Udzu wachilendo uli wosavuta kuugonjetsa pamene uli zomera khumi pa ngodya ya munda. Ukadzaza ekala, ntchitoyo idzakhala ya ana athu. Tipempha tsono aphunzitsi a sukulu ndi atsogoleri a makalabu kuti sabata lino atenge duwa la mpiru, duwa la luni ndi duwa la nyemba, aziike pamodzi, ndipo aliyense awerenge yekha timasamba ndi timitu ta mungu ndi kutsegula makoko. Pambuyo pake onse ayende m'mbali mwa mpanda wa dimba, aone kuti abale a mpiru alimo angati.